Andipatsa mbali yaikulu mufilimu ya ndewu ndi zakuchipinda: ndivomere?

Funso

Ndine mtsikana wa zaka 23, ndimakhala ku Chilomoni. Zisudzo ndinayamba ndili ku sekondale, kenako ndinapitiriza kugulu la achinyamata kutchalitchi kwathu. Mwezi wathawu mnyamata wina amene amajambula mafilimu oika pa YouTube anandiuza kuti akufuna ndisewere mbali yaikulu mufilimu yake yatsopano. Nkhani yake ndi ya mtsikana wa m'bala amene akubwezera amuna omwe anamuzunza. Muli ndewu, magazi, ndi zigawo ziwiri zakuchipinda zimene iye akungoti "tidzaona pa tsikulo". Sikiripiti sanandipatse. Akuti andipatsa K80,000 ndi ya thiransipoti, zina tidzagawana filimu ikayamba kubweretsa ndalama. Nditaonetsa kukayika anandiuza kuti Pam Grier wa ku America anayamba chomwechi. Kodi n'zoona? Nanga ndikavomera ndikwera nazo kapena ndidziwonongera dzina?

Yankho

Achemwali, mwachita bwino kufunsa musanavomere. Atsikana ambiri amandipeza filimu itatuluka kale, maso atatupa ndi kulira. Ine ndalowa ntchitoyi masiku amene tinkadzaza French Cultural Centre Lamlungu masana, katswiri wa zisudzo Gertrude Kamkwatira akadali moyo, ndipo zaka zambiri ntchito yanga yakhala yosankha ndi kuphunzitsa osewera. Nkhani ngati yanuyi ndaimva kangapo, ndipo kamodzi ndinaiona ndi maso anga.

Za Pam Grier mnyamatayo sananame, kungoti wakuuzani theka.

Mafilimu amtundu umenewu ku America amawatcha exploitation. Munthu akamva liwulo amaganiza za kudyera osewera masuku pamutu, ndipo kawirikawiri zimatheradi komweko, koma poyambirira linkanena za kagulitsidwe. Wopanga filimu alibe ndalama zolembera akatswiri otchuka, ndiye amagwira chinthu chimene anthu amachikonda mobisa, kaya maliseche, magazi, mankhwala ozunguza bongo kapena ndende za akazi, n'kuchiika pachithunzi choitanira anthu. Nkhani imabwera pambuyo. Katswiri wa malonda amenewa anali Roger Corman, amene anamwalira mu 2024 ali ndi zaka 98. Filimu yake ya 1960, The Little Shop of Horrors, mbali yaikulu anaijambula masiku awiri okha. Ife zimenezi tinakula nazo. Aliyense amene anadutsako pavidiyo sho ya ku Ndirande kapena ku Bangwe akukumbukira bolodi la panja lija, chithunzi cha mkazi wovala mosakwanira atagwira mfuti, anyamata ataunjikana. Lero bolodi limene lija ndi kachithunzi kamene mumayamba kuona pa YouTube musanatsegule kanema. Ndiye funso loyamba loti mudzifunse ndi lakuti mnyamatayu akukufunani munkhani kapena pabolodi.

Pam Grier anabadwa mu 1949. Atafika ku Los Angeles anapeza ntchito yolandira matelefoni pakampani ya American International Pictures, imene inkapanga mafilimu otchipa omwewa. Dayirekita wina, Jack Hill, anamutenga kukasewera mu The Big Doll House mu 1971 ndi The Big Bird Cage mu 1972, mafilimu a ndende za akazi omwe anakajambulira ku Philippines chifukwa kumeneko zinthu zinali zotsika mtengo. Munali kuvula, munali kumenyana m'matope. Kenako kunabwera Coffy mu 1973 ndi Foxy Brown mu 1974, ndipo dzina lake linamveka dziko lonse. Mu Coffy amasewera namwino amene mng'ono wake wawonongeka ndi mankhwala ozunguza bongo, ndiye akusaka ogulitsa mankhwalawo mmodzimmodzi. Nkhaniyo ikufananako ndi imene mwauzidwayi, n'chifukwa chake mnyamatayo wamutchula.

Chimene chinamukweza mayiyu ndi chakuti mbali imene anapatsidwa inali ndi ntchito yoti agwire. Coffy amaganiza, amanamiza adani ake, amaopa, amalira, amasankha yekha chochita. Filimu yonse yatsamira pa iye, ndipo mutachotsamo zovulazo nkhani ikhoza kuyendabe. Panthawiyo mkazi wakuda kutsogolera filimu ya ndewu chinali chinthu chachilendo, ndipo amayi akuda ambiri anapita kukaonera chifukwa cha chimenecho. M'mafilimu a ndende aja munali atsikana enanso ambiri okongola, amene anavula chimodzimodzi pa kamera yomweyo. Ambiri a iwo lero palibe amene angawatchule dzina. Iwo anapatsidwa thupi loti aonetse, mnzawo anadzapatsidwa munthu woti amusewere.

Theka lina limene sanakuuzeni ndi la zimene zinatsatira. Chakumapeto kwa zaka za m'ma 1970 msika wa mafilimu amenewa unagwa, ndipo makampani akuluakulu sanathamangire kumutenga. Anakhala zaka zambiri akusewera timbali ting'onoting'ono, pa TV ndi pasiteji. Mu 1988 anamupeza ndi khansa ya khomo la chiberekero. Mbali ina yaikulu yomuyenera inadzabwera mu 1997, pamene Quentin Tarantino anamutenga mu Jackie Brown, iye ali ndi zaka 48. Kuchoka pa Foxy Brown kufika pamenepo ndi zaka 23, zofanana ndi moyo wanu wonse. Ameneyo ndiye amene zinamuyendera kuposa onse.

Anthu amakonda kunena kuti kwa Corman kunatuluka akatswiri, ndipo n'zoona: Francis Ford Coppola, Martin Scorsese, James Cameron, Ron Howard, Jack Nicholson. Taonani mainawo. Ndi amuna, ndipo ambiri anaphunzira ali kuseri kwa kamera. Iwo anachokako ndi luso lopita nalo kwina. Atsikana amene anali pazithunzi zoitanira aja ambiri anachokako ndi chizindikiro chakuti ndi "aja amavula aja". Ku Nigeria zinachitikanso. Kenneth Nnebue, amene anatsegula msika wa mavidiyo ndi Living in Bondage mu 1992, anatulutsa Glamour Girls mu 1994, nkhani ya akazi a m'tauni odya ndalama za amuna. Eucharia Anunobi anatchuka ndi mafilimu a Glamour Girls, koma kwa zaka zambiri anthu ankamuona ngati mkazi wa m'filimu uja, ndipo opanga mafilimu ankamubwezera mbali zomwezo. Pambuyo pake anadzakhala mlaliki. Oonera ambiri, kuno ngakhale kwina, sasiyanitsa wosewera ndi mbali yake, makamaka akakhala mkazi.

Tsopano za ndalama. Mawu akuti "tidzagawana" ndi akale ngati ntchito ya mafilimu yomwe. Mu 1973 ku Texas anajambula filimu yoopsa yotchedwa The Texas Chain Saw Massacre, imene inatuluka mu 1974. Ndalama zoipangira zinali zochepa kwambiri, koma inabweretsa pafupifupi 30 miliyoni dollars. Mtsikana amene anasewera mbali yaikulu, Marilyn Burns, anavutika kwenikweni: chigawo chimodzi cha patebulo anachijambula maola oposa 24 m'nyumba yotentha, ndipo kachipangizo kotulutsa magazi abodza katakana kugwira ntchito, mnzake wosewera naye anamucheka chala ndi mpeni weniweni. Osewerawo anavomera malipiro ochepa polonjezedwa gawo la phindu. Filimu itagulitsidwa anadzazindikira kuti gawo lawolo linali la kampani imene inali ndi theka chabe la filimuyo, ndipo kampani yofalitsa nayo sinapereke ndalama moyenera. Chimene analandira chinali chochititsa manyazi. Amenewo anali ndi mapepala. Inu mwangolonjezedwa pakamwa.

Akuluakulu anati fodya wako ndi amene ali pamphuno, wapachala ngwamphepo. Ndalama yanu pafilimuyi ndi K80,000, muiwerengere choncho. Ya pa YouTube imalowa kwa mwini akaunti, ndipo inu simudzaona n'komwe kuti yalowa zingati pokhapokha iye atakutsegulirani foni yake. Kuti akaunti iyambe kulandira ya malonda otsatsa imafunika anthu oitsatira 1,000 ndi maola 4,000 oonera pachaka, komanso kanema amene YouTube yamuika chizindikiro chakuti ngwa akuluakulu okha, malonda amachepa kapena sakhalapo konse. Ndiye zigawo zakuchipinda zimene akuti zikoka anthuzo n'zomwenso zingatseke ndalama imene akukulonjezaniyo. Mumufunse ngati zimenezi akuzidziwa.

Koma chimene chandiimitsa mutu m'kalata yanu si ndalama. Ndi mawu aja akuti "tidzaona pa tsikulo".

Zaka zingapo zapitazo ndinathandiza pafilimu ina yaing'ono imene tinkajambulira m'nyumba yalendi ku Machinjiri. Ine ndinali wogwira kope, kulemba kuti wosewera wavala chiyani ndipo waima pati kuti zigawo zisadzasemphane. Mtsikana wathu anali wa msinkhu wanu. Pepala linkangoti awiriwo alowa m'chipinda, chitseko chitsekedwa. Tsikulo magetsi anazima, tinadikira jenereta mpaka dzuwa kupendeka, anthu onse atatopa, titangodya mabanzi ndi fanta. Titalowa m'chipindamo, zenera litatchingidwa ndi bulangete, dayirekita anati chitseko chokha sichigulitsa filimu, mtsikanayo amasule chitenje afike nacho m'chiuno, kamera idzangotenga msana. M'kachipindako munali amuna asanu ndi mmodzi, wina atakwera pampando atanyamula getsi. Mtsikana uja sanayankhe. Anangogwira mfundo ya chitenje pachifuwa ndi manja onse awiri, zala zikunjenjemera, n'kuyang'ana ine, chifukwa mkazi wina m'menemo ndinali ine ndekha. Wina anati mafuta a jenereta akutha. Ine ndinayang'ana m'kope langa. Anamasula.

Kamera siinatenge msana wokha. Filimuyo siinathe n'komwe, ndalama zinawathera panjira, koma patapita miyezi kachidutswa ka chigawo chimenecho kanayamba kuyenda pa WhatsApp, kopanda nkhani, kopanda dzina la filimu. Amene anakaona sanaone sewero. Mtsikanayo anasiya kwaya, chibwenzi chake chinatha, anapita kukakhala kwa azakhali ake kumudzi, ndipo pasiteji sanabwererenso. Anali ndi mawu abwino kuposa onse amene ndinawaphunzitsapo. Ndikanangonena kuti zimenezi palibe papepala, tijambule zimene tinagwirizana, zikanathera pomwepo. Sindinanene, ndipo mpaka lero chimandiwawa. Kuyambira tsiku limenelo sindilola wosewera wanga aliyense kufika pamalo ojambulira asanadziwe chimene kamera idzaone.

"Pa tsikulo" ndi nthawi imene wosewera amakhala wopanda mphamvu kuposa nthawi ina iliyonse. Zigawo zina mwajambula kale, anthu khumi akudikira inu, kamera ndi yobwereka, ndalama simunalandire, ndipo mukakana mukhala ngati ndinu wowononga ntchito ya anzanu. Odziwa kudyera anzawo amasungira dala pempho lawo nthawi imeneyo. Si kuno kokha. Maria Schneider anali ndi zaka 19 pamene ankajambula Last Tango in Paris mu 1972, ndipo dayirekita Bernardo Bertolucci anadzavomera yekha kuti iye ndi Marlon Brando anagwirizana china chake chokhudza chigawo chogwiririra osamuuza mtsikanayo, pofuna kuti manyazi ake aoneke enieni. Mayiyo ananena kufikira chakumapeto kwa moyo wake kuti tsikulo linamuvulaza. Chifukwa cha nkhani zotere, kuyambira mu 2018 kampani ya TV ya ku America yotchedwa HBO inayamba kuika munthu wapadera woyang'anira zigawo zakuchipinda, ndipo bungwe la osewera ku America limafuna kuti chilichonse chokhudza kuvula chilembedwe ndi kusainidwa tsiku lojambula lisanafike. Ife kuno munthu wotero tilibe, ndiye ntchito yakeyo muyenera kuigwira nokha, mukadali kunyumba.

Musandimve ngati ndikunena kuti nkhani ya mtsikana wa m'bala ndi yonyansa kapena kuti filimu yopanda ndalama ndi yoipa. Mafilimu athu pafupifupi onse ndi opanda ndalama, ndipo mukamadikira ya mamiliyoni mudzakalamba musanaime pa kamera. Shemu Joyah anatulutsa The Road to Sunrise mu 2017, nkhani ya amayi awiri oyendayenda mu Blantyre momwe muno, Mirriam Phiri akusewera mbali yaikulu. Muli nkhanza, muli usiku wa m'tauni, koma oonera amatuluka akukumbukira munthu ndi mavuto ake. Filimuyo inapambana mphoto ya filimu yabwino ya kum'mwera kwa Africa pa Africa Magic Viewers' Choice Awards mu 2018. Nkhani imene mwauzidwayo ikhoza kukhala yamphamvu chomwecho, ikhozanso kukhala chophimbira chabe cha zigawo ziwiri zija. Chosiyanitsa chili m'sikiripiti, ndipo sikiripitiyo ndi imene sanakupatseni.

Choncho muyambe ndi kuipempha, yonse, yolembedwa. Mukaiwerenge kunyumba modekha. Muone kuti mtsikanayo akulankhula kangati, akusankha yekha chochita kangati, ndiponso kuti kuzunzidwa kwake kwatenga masamba angati poyerekeza ndi moyo wake wonse. Mafilimu ambiri obwezera amatha ola lathunthu akuonetsa mkazi akuvulidwa ndi kumenyedwa, kubwezerako n'kungokhala mphindi khumi zakumapeto zoti wopanga adzitchinjirize nazo. Kenako muphimbe ndi dzanja zigawo ziwiri zija n'kuona ngati nkhani ikumvekabe. Ngati ikumveka, ndiye kuti zikhoza kujambulidwa ndi chitseko chotseka, nsapato ziwiri pakhomo, nkhope ya mtsikana m'mawa mwake, ndipo dayirekita waluso amadziwa kuti zimenezo zimagwira mtima kuposa khungu. Ngati nkhani yagwa, mwadziwa chimene akugulitsa. Akakuuzani kuti sikiripiti ili m'mutu mwake, musapitirire.

Mukakhutira nayo, pakhale pepala losainirana. Silifuna Chingerezi cha maloya. Chichewa chomveka pa tsamba limodzi n'chokwanira, aliyense ndi kope lake, mboni ziwiri. Lilembe dzina la filimu, masiku ojambula, ndalama ndi tsiku lolandira, ndipo ine ndimalangiza kuti theka mulandire musanayambe, lotsala musanajambule chigawo chomaliza, chifukwa kamera ikangozima mulibenso chogwirira. Pa zigawo zija palembedwe mosapita m'mbali kuti mudzavala chiyani, mnzanuyo adzakugwirani pati ndipo sadzakugwirani pati, kamera idzaima pati, m'chipindamo mudzakhala anthu angati. Mafoni onse atsale panja, popeza zambiri zimene zimadzayenda pa WhatsApp zimachokera m'foni ya munthu amene anangoima pakona. Mukhale ndi mkazi wamkulu womudalira amene mwabwera naye nokha, wosalipidwa ndi dayirekita, woti akhoza kunena kuti imani. Palembedwenso kuti mudzaona zimene zajambulidwa filimu isanatuluke, kuti zotsala zidzafufutidwa inu mukuona, ndi kuti chithunzi chanu cha chigawocho sichidzakhala choitanira anthu popanda inu kuvomera. Za ndewuzo musazipeputse: mpeni ukhale wosathwa, botolo lisakhale lagalasi, ndipo muyeserere kaye pang'onopang'ono tsiku lina. Mukavulala adzalipira kuchipatala ndani, nazonso zilembedwe.

Mnyamata woona mtima, ngakhale wosauka, pepala lotere salikana. Mwina adzadabwa, chifukwa ambiri mwa anyamata athuwa anaphunzira kujambula paokha ndipo palibe anawauzapo zimenezi. Ena ndawaona akusintha n'kukhala anthu abwino kugwira nawo ntchito. Koma akapsa mtima, akayamba zoti ndinu wovuta, atsikana ofuna mbaliyi ndi ambiri, kapena zoti mubwere nokha madzulo kuti akuyeseni, ameneyo wakuyankhani.

Malamulo nawo muwadziwe, chifukwa amakhudza inu, osati iye yekha. Filimu yoonetsedwa kugulu m'dziko muno imayenera kudutsa ku Censorship Board malinga ndi lamulo la 1968, ndipo Penal Code imaletsa kupanga ndi kufalitsa zolaula. Nkhope imene idzaonekere pamenepo ndi yanu. Lamulo la Gender Equality Act la 2013 limaletsa kuvutitsa munthu pofuna kugonana naye, ndipo kukuuzani kuti mbali muipeza mukagona naye kuli m'gulu lomwelo. Wina akafalitsa zithunzi zanu pofuna kukunyozani kapena kukuopsezani, pali lamulo la 2016 la Electronic Transactions and Cyber Security, ndipo mukhoza kukayambira ku Victim Support Unit kupolisi. Pa za umwini wa ntchito ndi malipiro, a COSOMA, bungwe loteteza umwini wa ntchito za aluso, ndi a Film Association of Malawi ndi oyenera kuwafunsa musanasaine. Komabe ndikuuzeni zoona: lamulo likhoza kulanga munthu, koma kanema amene walowa m'mafoni a anthu silingamubweze. Madzi akatayika saoleka.

Blantyre ndi mudzi, achemwali. Pam Grier ankajambula ku Philippines, filimu n'kukaonetsedwa m'nyumba za kanema kwa anthu osamudziwa. Inu mudzajambula Loweruka, Lamlungu mukakhala benchi limodzi ndi amene adzaonere, ndipo kondakitala wa minibasi ya ku Chilomoni adzakuitanani ndi dzina la m'filimu. Sindikunena kuti moyo wanu uziyendera pakamwa pa anthu. Pali mbali zina zoyenera kuzinyamulira manyazi, ndipo wosewera woopa kunenedwa sapita patali. Koma mtengo umenewo muulipire mukudziwa, pa ntchito imene mungaime nayo pamaso pa mayi anu n'kunena kuti ndinasankha ndine. Muwauze amayiwo musanajambule, asadzamvere kwa anansi.

Ndipo ngati mukufunadi kukhalitsa m'ntchitoyi, yang'anani amayi amene akhalitsa. Joyce Mhango Chavula ndi wosewera, koma anayamba kupanga mafilimu ake, ndipo filimu yake ya Lilongwe inapambana mphoto ija ya kum'mwera kwa Africa mu 2016. Flora Suya, amene tinamuona mu Seasons of a Life ndi The Last Fishing Boat, nayenso anadzapanga yake, My Mother's Story. Ku Nigeria Genevieve Nnaji anatsogolera yekha Lionheart mu 2018, Netflix n'kuigula. Pafilimu iliyonse imene mudzalowe, ngakhale yotchipa chotani, muzikhala pafupi ndi wa kamera ndi wolumikiza zithunzi, muzifunsa, muziphunzira kulemba. Ubwino weniweni wa filimu yaing'ono ndi womwewo, kuti palibe amene amakuthamangitsani mukasuzumira.

Mmene mwandifotokozeramu, popanda sikiripiti, popanda pepala, zigawo ziwiri zili mumdima, ine ndikuti musavomere. Musamukanenso mwachipongwe. Mutumizireni uthenga wolemba, kuti pakhale umboni, womuuza kuti mbaliyo mwaikonda, mukupempha sikiripiti yonse, ndipo mukufuna mukumane masana pamalo pa anthu, inu mutabwera ndi azakhali anu kapena mayi amene amatsogolera gulu lanu la zisudzo. Mumupemphenso manambala a atsikana awiri amene anasewerapo m'mafilimu ake akale, muwaimbire iye palibe, muwafunse ngati analandira ndalama zawo ndiponso ngati angabwererenso.